Muyeso wa Namdzulo

A Mawotchi, bambo uja amakonza mawotchi pakhonde la sitolo ya mankhwala, analowa m'kachipinda ka mlamu wawo wamkazi, telala, atakwapatira katani yabuluu, akufuna kuti pofika mawa masana ikhale itasanduka chilombo cha m'madzi cha kudziko lina. Gulu la zisudzo linawasunga kuseri kwa siteji kuyambira ali ndi tsitsi, ntchito yawo kuliza belu basi, ndipo aka kanali koyamba kuti aime pamaso pa anthu, m'sewero lopeka okha, ataitana msewu wonse.

Telala anayala nsaluyo patebulo, kuisisita ndi chikhatho, n'kunena kuti katani imeneyi akuidziwa, ndi ya pabalaza pa achemwali ake. A Mawotchi anati za pabalaza zikambidwa sewero likatha. Telala sanalimbane nazo. Anachotsa tepi m'khosi.

"Kwezani manja, alamu."

"Tepi ayi."

"Ndisoka bwanji osayeza?"

"Simukusokera ine. Mukusokera Namdzulo."

Telala anasuzumira pakhomo. "Nanga mwawasiyiranji panja? Auzeni alowe."

A Mawotchi anakhala pampando wa makasitomala n'kuyamba kufotokoza, pang'onopang'ono, ngati akulankhula ndi munthu wogontha. Namdzulo sakhala kuno. Amakhala kudziko lina, kuseri kwa nyenyezi, dziko lopanda mtunda, nyanja yokhayokha. Madzi a kumeneko si madzi, ndi nthawi. Ukasambira motsata mafunde umakafika mawa, ukalimbana nawo umakatulukira dzulo. M'nyanjamo muli tinsomba totchedwa timphindi, toyenda m'chigulu, tosagwirika. Muli nkhanu za Lolemba, zimene zimapana tsiku ndi zikhadabo zake kuti lisayende. Muli akamba osenza zaka pamsana. Ndiye pali Namdzulo, mwini nyanja, wosambira chobwerera m'mbuyo.

"Munapitako liti?" anafunsa Telala.

"Sindinapiteko."

"Anakuuzani ndani?"

"Ndinapeka ndekha."

"Ndiye kuti kulibe."

"Kuliko. M'seweromo."

"Kuliko koma kulibe. Chabwino, ndamva."

Sanamve. Anati iye anasokerapo mayi wina wokhala kunja, koma mayiyo anatumiza muyeso pafoni, ndipo anafunsa ngati a Namdzulowo ali ndi foni. Atauzidwa kuti alibe, anati pamenepo njira zatsala ziwiri. Mwina kasitomala abwere yekha ayezedwe, mwina atumize chovala chake chakale atengerepo muyeso. Umo ndi mmene anaphunzirira ntchito, ndipo umo ndi mmene adzafere.

A Mawotchi anali atakonzekera. Anapisa dzanja m'chikwama n'kutulutsa buluku lakuda, lonunkha sutikesi.

Telala analitambasula, kuliyang'ana, kuyang'ana mimba ya mlamu wake, n'kubwereranso pabuluku. Mimbayo a Mawotchi anali ataikokera m'kati kuchokera pakhomo, moti mawu ankatuluka opyapyala ngati a munthu wonyamula kabati.

"Ili si la ukwati lija?"

"Lomwelo."

"Munalivala liti komaliza?"

"Nthawi, alamu, ndi nkhani ya m'mutu chabe. Ine ndimatsegula mawotchi tsiku ndi tsiku. M'katimo mulibe nthawi, muli timawilo ndi fumbi."

"Ine ndimamasula mabuluku tsiku ndi tsiku. Nthawi ndimaipeza m'chiuno."

A Mawotchi anati pamenepo ndi pamene mlamu wawo sakumvetsa. Namdzulo amabadwa ali nkhalamba, wamkulu ngati basi, ndipo masiku akamapita amanka nachepa, nasalala, mpaka kubwerera ku unyamata. Choncho muyeso woyenera ndi wa unyamata, ndipo unyamatawo ndi umene uli patebulopo.

Telala anaika choko pansi. Nkhaniyi inamukhudza. Anati ana a anthu amawasiyira malo okuliramo, mpendero wautali, m'chiuno motakasuka, koma kasitomala wochepa tsiku ndi tsiku sanamusokerepo.

"Amachepa mofulumira bwanji?"

"Pang'onopang'ono."

"Sewero ndi mawa. Ndiye kuti mawa adzakhala atachepa kuposa lero."

"Pang'ono kwambiri."

"Ndichotseko za usiku uno."

"Musachotse kanthu."

"Ndiye kuti sachepa."

"Amachepa."

"Ndiye ndichotseko."

A Mawotchi ndi munthu woti akanena kuti wotchi yako ikuchedwa, ngakhale wailesi imutsutse, yolakwa ndi wailesi. Zimene anapeka sakanazibweza pamaso pa mng'ono wa mkazi wawo. Anati achotseko, nanga akuopseza ndani. Telala anagoneka bulukulo pakatani, n'kulemba mzere m'mbali mwake, kenako n'kuulowetsa m'kati chala chimodzi mbali iyi, chala chimodzi mbali inayo.

Anafunsa za mutu. A Mawotchi anati mutu ndi wosongoka, wolumikizana ndi thupi, wopanda khosi. Anafunsa za maso. Anati maso ali kunkhongo, poti Namdzulo amayang'ana dzulo, za mawa alibe nazo ntchito. Telala anatembenuza nsalu n'kulemba timizere tiwiri tozungulira kumbuyo kwa mutu.

"Mukutani?"

"Maso."

"Nanga ine ndidzaonera pati?"

"Mwati sindikusokera inu."

"Koma m'katimo mudzakhala ine."

"Muli ndi maso kunkhongo?"

"Ndilibe."

"Ndiboole kutsogolo?"

"Namdzulo alibe maso kutsogolo."

"Ndiye takambirana," anatero Telala, n'kupitiriza kulemba.

Miyendo anati alibe. Telala anati zili bwino, ntchito yachepa, pansi angotseka ngati pilo. A Mawotchi anafunsa kuti pasiteji adzayenda bwanji. Telala anawakumbutsa kuti iwo omwe anena kuti chilombochi chimasambira. A Mawotchi anati siteji ndi ya matabwa. Telala anati ndiye auze a gulu athirepo madzi.

A Mawotchi anakanda chibwano.

"Ali ndi zipsepse ziwiri zapansi," anatero. "Zooneka ngati mapazi."

"Mapazi a munthu?"

"Ovala nsapato."

"Poyamba simunanene."

"Zamera posachedwa."

"Iii, chilombo chake n'chachangu. Ngati pali china choti chimere, chimere pano ndisanadule."

Zinamera zambiri. Panamera mchira wautali wokhota ngati muvi wa wotchi, chipsepse cha pamsana chokhala ndi mano ngati kawilo, ndi ndevu za ulusi woyera, poti anabadwa wokalamba. Chilichonse Telala ankachilemba pansalu yotsala m'mbali, mpaka katani yonse inadzaza choko, osatsala ndi poti n'kudulapo kansanza kopukutira makina.

Atafika pakamwa anafunsa kuti kakhale kakakulu bwanji, poti zimatengera chakudya. A Mawotchi anati Namdzulo amameza nthawi imene anthu amataya. Nthawi yoima pamzere kuchipatala, yodikira basi kuti idzaze, ya misonkhano ya makolo kusukulu, ndi theka lachiwiri la ulaliki, pamene abusa anena kale kuti pomaliza.

Telala anayang'ananso mzere wa m'chiuno, nkhope ili ndi nkhawa.

"Alamu, chilombo chodya ulaliki wa abusa athu sichingalowe umu."

"Sichinenepa."

"Nanga zimapita kuti?"

"Zimasanduka dzulo."

"Thumba lofunika?"

"La chiyani?"

"Loikamo dzulolo."

Anati thumba silofunika. Telala anati chabwino, koma asadzabwere mawa akudandaula kuti alibe poika makiyi.

Anatenga sizasi. Asanadule nsalu ya munthu, mayi ameneyu amaima kaye n'kufunsa, ndipo anafunsa. Anati katani ndi imodzi, ina ngati iyi m'kachipindamo mulibe, ndipo nsalu ikadulidwa yadulidwa. Anati tepi ili pomwepa, kuyeza sikupweteka, ndipo muyesowo sauza munthu, ngakhale achemwali ake. A Mawotchi anapukusa mutu. Telala anati ngati vuto ndi manyazi akhoza kuwayeza atatsinzina.

"Mukatsinzina muwerenga bwanji?"

"Sindiwerenga. Ndingoyeza."

"Ndiye phindu lake n'chiyani?"

"Mtima wanga ukhala pansi."

"Dulani, alamu."

Sizasi inalira. Kenako makina analira masana onse, a Mawotchi ali pampando akuyeserera kulira kwa Namdzulo, kumene ndi kuuzira milomo kuti bububu ngati botolo lomira m'ndowa. Mayi wina amene anabwera kudzatenga siketi yake anaima pakhomo, kumvetsera pang'ono, n'kunena kuti abweranso tsiku lina.

Dzuwa litapendeka, Telala anadula ulusi ndi mano n'kunyamula chovalacho m'mwamba. Kunena zoona chinali chokongola. Anati ayese.

Mutu unalowa. Mapewa analowa mokangana. Pamimba ulendo unathera pomwepo. A Mawotchi anatsala ataima pakati pa chipinda, manja ali m'mwamba m'kati mwa nsalu, kuchokera pamchombo kukwera ndi nsomba, kutsika ndi bambo wa buluku lotuwa.

"Ndani wazimitsa magetsi?" Mawu ankachokera m'kati.

"Sanazime. Maso ali kumbuyo, yang'anani kumeneko."

"Kokerani pansi."

"Ndakoka."

"Kokani ngati munthu wadya."

Anakoka. Ulusi unalira penapake m'nthiti.

"Musapume, alamu. Mung'amba katani ya achemwali."

"Ndisapume mpaka liti?"

"Sewerolo limatha nthawi yanji?"

Kuwatulutsa kunavuta kuposa kuwalowetsa. Telala anagwira mutu wa chilombo, kuponda phazi pamwendo wa tebulo, n'kuwauza kuti awerame abwerere m'mbuyo. Anabwerera mpaka kukagunda kabati ya mabatani, n'kutuluka nkhope ili psu, magalasi atatsalira m'kati mwa nsomba.

Atapeza mpweya anati Telala walakwitsa. Telala anatenga buluku lija n'kuligoneka pachovalacho, ndipo zinafanana ngati mapasa, kupatula zala ziwiri za usiku uno zimene anagwirizana. A Mawotchi anati ndiye kuti bulukulo linachepera m'sutikesi. Telala anati n'zotheka, mwina nalonso ndi la kudziko komweko.

"Onjezerani nsalu m'mbali."

"Yachokera kuti? Yotsala inapita kumchira ndi kuzipsepse."

"Chotsani mchira."

"Ndiye akhala Namdzulo wopanda mchira?"

"Ayi. Mchira usachoke."

"Chipsepse?"

"Chisachoke."

"Ndiye njira yatsala imodzi." Telala ananena izi ndi mtima wonse, ngati munthu wolozera mlendo njira ya kuchipatala. "Mukasambire m'nyanja yanu ija molimbana ndi mafunde, mukafike m'mawa uja, mukandiuze kuti ndisadule. Ndikamva. Ine sindivuta."

"Alamu, nyanjayo kulibe."

"Kulibe?"

"Kulibe nyanja, kulibe nkhanu, kulibe Namdzulo. Kuli ine, holo yodzaza anthu mawa, ndi thumba ili losandikwana."

Telala anakwiya, ndipo sanakwiyire kunyozedwa kwa iye mwini. Anati munthu sunganene kuti kasitomala kulibe pamene iye wamusokera tsiku lonse, wamuika ndevu ulusi umodziumodzi. Anati chovalacho chilibe mlandu, ndipo awaonetsa. Anavula juzi, kukutumula magalasi a mlamu wake m'nsombamo, n'kuivala yekha.

Telala ndi mayi wowonda ngati singano zake. Chovalacho chinatsetsereka mpaka kumapazi popanda kukangana. Ndipo poti anauzidwa kuti maso ali kunkhongo, iye sanaganize zambiri. Analowa chotembenuka, nkhope yake kuloza kumene kuli mabowo, pakamwa ndi ndevu za chilombo zili kumsana kwake. Atayamba kuyenda kupita kukhomo, iye ankangoyenda monga amayendera masiku onse, koma woonera ankaona nsomba ya ndevu ikukuyang'ana kwinaku ikutalikira chobwerera, mchira uli patsogolo, osagunda kanthu.

A Mawotchi anavala magalasi. Anayang'ana nthawi yaitali. Wogulitsa nsapato wa khomo loyandikana anasiya kasitomala atavala nsapato imodzi n'kudzaima pazenera.

"Ndi yemweyo," anatero a Mawotchi chapansipansi. "Ndi mmene ndinkamuonera."

"Ndiye mwati kulibe."

"Tembenukani. Pitaninso uko."

Anapita, n'kubwerera. Ali m'katimo anafunsa kuti Namdzulo amalankhula mawu otani m'seweromo. A Mawotchi anati salankhula, amangosambira, kumeza timphindi, n'kulira. Telala anauzira milomo. Bububu wake anatuluka wakuya, wachisoni, moti wogulitsa nsapato anaomba m'manja.

A Mawotchi anakhala pansi. Anati msewu wonse auitana, mpaka wometa tsitsi walonjeza kutseka msanga. Anati akulu ake a Telala anagula kale nsapato zatsopano zodzaonera amuna awo. Moyo wonse akhala akuliza belu kuti ena alowe, ndipo tsopano alizanso belu kuti ilowe katani ya m'nyumba mwawo.

Telala anatembenuka m'katimo n'kutulutsa mutu pakamwa pa chilombo. Anati chovala ndi cha amene chamukwana, limenelo ndi lamulo la ntchito, ndipo iye sangalole kuti ntchito yake ikang'ambikire pamaso pa anthu. Mawa avala yekha. Koma panali chimene sichinkamveka, ndipo anafuna kuchimvetsa asanavomere. Anafunsa amene akuchita timphindi, anauzidwa kuti ndi amayi a kwaya. Nkhanu za Lolemba ndi anyamata awiri a kugalaja. Akamba ndi alonda a kusitolo yaikulu.

"Nanga nyanja akuchita ndani?"

"Nyanja sachita munthu. Timangonena kuti pali nyanja."

"Kungonena?"

"Anthu amamva."

"Ndiye ine ndikasambire pamatabwa? Ayi, alamu. Pouma ine sindisambira."

A Mawotchi anayamba kufotokoza kuti zisudzo zimayenda choncho, koma Telala anali atapita kale patsogolo. Anafunsa ngati zenera la pabalaza lija lili ndi katani imodzi. A Mawotchi anati lili ndi ziwiri, inzake yatsala. Telala anati aibweretse m'mawa kusanatenthe, imeneyo siifuna kudula, kungoboola pamutu ndi kuika lasitiki pamene ikhale. Munthu aime pakati pa siteji ataivala, atambasule manja, azigwedezeka, zilombo zizisambira momuzungulira.

"Mukufuna ndikhale madzi."

"Mwati si madzi. Mwati ndi nthawi."



"Nyanjayo imalowa liti pasiteji?" anafunsa Telala. "Ndidziwe ngati ifunika zipi yovulira msanga."

"Silowa. Imakhalapo kuyambira pachiyambi."

"Imatuluka liti?"

"Situluka."

"Ngakhale Namdzulo akatuluka?"

"Namdzulo amatuluka kawirikawiri. Nyanja imatsala." Apa mawu awo anayamba kuchedwa, ngati munthu amene wapeza chinthu m'thumba la jekete lakale. "Onse amakhala m'kati mwake. Popanda nyanja palibe amene angasambire."

"Ndiye zipi siifunika."

A Mawotchi anaimirira. Anasuntha mpando ndi phazi, kuima pakati pa chipinda, n'kukweza manja popanda wowauza. Telala, akadali nsomba kuchokera m'khosi kutsika, anatola tepi pansi n'kuizunguliza m'chiuno mwawo kuti adziwe kutalika kwa lasitiki. Nsonga ziwiri za tepi zinayang'anana pamchombo, koma kukumana zinakana.

"Kokerani mimba m'kati pang'ono, alamu, tepi ikumane."

A Mawotchi anapuma mpweya wonse umene anaumana kuchokera m'mawa, mimba n'kutsika, n'kutambasuka, mpaka batani la malaya linayamba kupempha chifundo.

"Kabwerekeni tepi ina mulumikize," anatero. "Munaiona kuti nyanja yokoka mimba?"